Anapepesa ku Mutumodzi

Mwa amuna onse amene anabwera chikamwini m'mudzi wathu kuseri kwa Migowi, wokanika wamkulu ndi a Davison, munthu woti pa zaka khumi ndi zisanu ndi ziwiri za banja mawu oti "pepani" sanatulukepo pakamwa pawo, ngakhale atakupondani ndi njinga. Lachitatu m'mawa anatuluka m'nyumba n'kupeza zovala zawo zili m'thumba la feteleza, thumbalo litamangidwa kale pakaliyala ya njinga, ndipo pakhonde patakhala akazi awo a Enelesi ndi lichero la nandolo, mayi amene ukawauza kuti wafa ndi njala amafunsa kuti maliro ndi liti.

"Mayi a Mervis, thumba ili likupita kuti?"

"Ku Kaduya."

"Ndi la ndani?"

"La munthu wa ku Kaduya."

"Pakhomo pano wa ku Kaduya ndine ndekha."

"Ndiye simuvutika kumufunafuna," anatero a Enelesi, akusenda nandolo.

A Davison anazungulira njingayo, nagwedeza thumba. Linali lomangidwa ndi mphira, mfundo ziwiri.

"Nkhani ya kalongonda ija sinathe?"

"Inatha liti? Loweruka ndinakusiyirani mphika pamoto ndikupita kuchigayo. Ndinati chiyani?"

"Munati ndizisonkhezera."

"Ndinatinso chiyani?"

"Kuti nditaye madzi katatu."

"Munataya kangati?"

"Madzi ndi ovuta masiku ano, mayi."

Kalongonda, nyemba ija ya kwathu, aliyense wa kuno amamudziwa khalidwe lake. Amafuna moto kuyambira m'mawa mpaka dzuwa litapendeka, ndipo ukamuphula msanga amazunguza mutu kuposa kachasu. A Davison anamuphula teni koloko isanakwane, n'kugawira amayi asanu ndi awiri a kwaya amene anabwera kudzaphunzira nyimbo kwa akazi awo. Iwonso anadya mbale ziwiri, kuti alendo asachite manyazi.

"Ndinabwera ndi ufa pamutu," anatero a Enelesi, "n'kupeza mayi Gertrude ali pamwamba pa nkhokwe akuimbitsa nkhuku. Mayi Aliness atagwira mpanda, ati asausiye chifukwa dziko lapendekeka. Inu mutagona pansi pa mango, pakamwa pali yasa! Lero ndi tsiku lachisanu. Ndikufuna mawu amodzi. Nandolo uyu akatha m'licheromu musananene, njinga ndi iyo, njira mukuidziwa."

"Aaa! Mawu amenewotu ndinanena kale."

"Liti?"

"Loweruka lomwelo."

"Kuti?"

A Davison anakoka mpando, nakhala, napinda mwendo ngati mphunzitsi wamkulu. "Ku Mutumodzi."

"Ndi mbali ya kuti? Kudutsa Chiringa?"

"Si mbali ya kulikonse. Ndi mzinda. Mvetserani bwino, chifukwa zimenezi ndazitulukira ndekha, asukulu sanazidziwebe. Munthu aliyense akagona, amapita kumzinda umodzi. Misewu ya tala yokhayokha. Nyumba zosanja, zopanda zitseko."

"Mbuzi sizilowa?"

"Kulibe mbuzi."

"Zinabedwa. Mwati kulibe zitseko."

"Sizinabedwe! Kulibe wakuba, chifukwa kumeneko anthu onse amaganiza ndi mutu umodzi. Chimene mwaganiza inu, ndaganiza ine. Wakuba asanatambasule dzanja, mzinda wonse wadziwa kale. Kulibe kupatsana moni, poti aliyense akudziwa mmene mnzake wadzukira. Minibasi zilibe kondakitala, dalaivala amangodziwa potsikira panu."

A Enelesi anasiya kusenda. "Ndiye anthuwo amayenda opanda mitu?"

"Mitu ali nayo."

"Mwati ndi umodzi."

"Umodziwo ndi waukulu, uli pakati pa mzinda, kutalika ngati phiri la Michesi. Timitu tathuti ndi nthambi chabe. Taganizani za madzi a m'mapaipi. Mipopi ndi yambiri, koma thanki ndi imodzi."

"Mpopi wathu unauma chaka chatha."

"Ndi fanizo, mayi!"

"Oo." Anawayang'ana pamwamba pa khutu. "Wanuwu ukudontha?"

"Sukudontha kanthu!"

"Mutu waukuluwo ndi wa mwamuna kapena wa mkazi?"

"Ndi wa tonse."

"Umavala duku?"

"Suvala."

"Ndiye ndi wa mwamuna. Umasenza ndowa?"

"Udzasenza bwanji ndowa, uli ngati phiri?"

"Wa mwamuna ndithu. Ungokhala."

A Davison anapumira m'mwamba. M'lichero makoko anali akuchuluka, nandolo wosasenda akuchepa.

"Chachikulu n'chakuti kumeneko ndinakupezani, ndinanena mawu mukufunawo, inu n'kundikhululukira. Nkhani inatha. Masulani thumba."

"Ine ndinali komweko?"

"Munalipo."

"Nthawi yanji?"

"Masana, nditagona pansi pa mango paja."

"Masana amenewo ine ndinali kutsitsa mayi Gertrude pankhokwe."

"Limenelo linali thupi lanu."

"Eya, ndi lomwelo likuwawa msana mpaka lero. Mwati amapita ndi ogona. Ine sindinagone."

"Munasinza m'tchalitchi Lamulungu. Ndinakuonani."

"Inu munapita Loweruka, ine Lamulungu. Munandidikirira padepoti?"

"Kumeneko kulibe masiku!"

"Muluku wanga! Ndiye amapemphera liti?"

"Tsiku lililonse... iyayi, sapemphera... mayi, musandisokoneze."

"Chabwino. Mutandipeza, munati chiyani?"

"Kulibe kuyankhula. Umangoganiza."

"Munaganiza mawu oti chiyani?"

"Mawu aja."

"Ati?"

"Mukuwadziwa. Oyamba ndi *pe*."

"Pensulo?"

"Iyayi."

"Petulo?"

"Ndingakupezeni kumzinda wonse uja kuti ndikuuzeni petulo?"

"Peyala?"

"Mayi a Mervis!"

"Ine ndikungothandiza. Inu ndi amene munawaganiza, muwatchule."

"Chinthu chimodzi sanena kawiri. Ndili ndi mboni."

"Ndani?"

"Boma lonse la Phalombe. Asodzi a ku Chilwa, mavenda a pa Migowi, ngakhale abale athu a ku Mozambique. Aliyense amene anali mtulo."

"Masana a Loweruka? Ndiye mboni zanu ndi alesi ndi makanda."

"Ndi akufa omwe! Akufa ndiwo eni nyumba kumeneko, ife amoyo timangopita ngati alendo."

Apa manja a a Enelesi anaima m'lichero.

"Amayi anga analipo?"

"Analipo."

"Munawaona ndi maso?"

"Monga ndikukuonerani inumu."

"Mwendo uja unapola?"

A Davison ndi amene ananyamula apongozi awowo panjinga yomweyo miyezi inayi kupita nawo kuchipatala, ndipo funsoli linawalasa pamtima.

"Unapola," anatero pansipansi. "Akuyenda bwinobwino, opanda ndodo."

"Zikomo." A Enelesi anapukuta m'maso ndi nsonga ya chitenje, nayambanso kusenda. "Ndipo anagwirizana nanu pankhani ya kalongonda?"

"Anagwirizana nane kwathunthu."

"Ndiye sanali iwo. Amayi anga sanagwirizanepo nanu kanthu chibadwire."

"Kumeneko sangachitire mwina! Mutu ndi umodzi!"

"Akadasamuka."

A Davison anaimirira, nayamba kuyendayenda pabwalo, chala chili m'mwamba. Munthu wokanika akapanikizidwa sabwerera, amakumba pomwepo.

"Ndipotu mukaganiza mozama, funso n'lakuti, anaphula mphika uja ndani?"

"Inu."

"Dzanja linali langa. Koma ganizo loti kalongonda wapsa linachokera kuti? Kuthanki. M'thankimo muli ine, muli inu, muli mayi Gertrude. Tinaphula tonse. Mwinanso ganizo lija linali lanu, munali kuchigayo mukulakalaka alendo atadya msanga, ine n'kungolandira."

"Ndiye wolakwa ndine?"

"Mbali ina. Kunena zoona, nanunso mukuyenera kunena mawu aja."

"Pepani," anatero a Enelesi.

A Davison anaima chilili. "Mwati chiyani?"

"Pepani. Mwati ndinene." Anatsegula pakamwa n'kuwaonetsa. "Taonani, mano onse alipo. Palibe laguluka."

Nkhope ya a Davison inawala ngati ya munthu amene watola nkhwangwa ndi mpini womwe.

"Basi! Zatheka! Mwanena inu, mutu ndi umodzi, ndiye kuti ndanena ine. Mwamva ndi makutu anu, muli maso, pakhonde panu. Masulani thumba!"

A Enelesi anaganiza kaye, chifukwa ndi munthu wosafuna kubera mnzake mlandu.

"Ndiye chimene chachita pakamwa panga, chachita pakamwa panu?"

"Mwayamba kumvetsa!"

"Zakhala bwino. Phala lanu ndinasiya m'mbale muja ndipatsa galu."

"Chifukwa?"

"Ine ndamwa kale mbale yodzaza. Mwakhuta."

"Iyayi, iyayi. Mutu ndi umodzi, koma mimba ndi zambiri."

"Phala limalowera kuti?"

"Pakamwa."

"Pakamwa pali pamimba kapena pamutu?"

M'mimba mwa a Davison munalira mokweza, mpaka nkhuku imene inali pafupi inadzutsa khosi.

"Zimenezo n'zapamwamba, tidzafikako chaka chachiwiri," anatero. "Panopa tikukamba za thumba."

"Eya, za thumba." A Enelesi anayang'ana njinga, nayang'ana amuna awo. "Bambo a Mervis, sindinayembekezere zimenezi kwa inu."

"Ziti?"

"Ine m'mawa uno ndimayesa ganizo loti muzipita kwanu ndi langa. Ndinadziimba mlandu popinda malaya anu. Kani linachokera kuthanki? Kani ndinu munali kulakalaka kundisiya, ine n'kungolandira?"

"Aaa, ayi!"

"Zaka zonsezi ndikukuchapirani, inu mtima uli ku Kaduya. Kuli ndani ku Kaduya?"

"Kulibe aliyense! Kuli achemwali anga ndi chitsa cha nyumba!"

"Munangobwereka manja anga kuti akumangireni katundu. Mwaonanso mfundo zake? Ziwiri. Munafunitsitsa."

"Mayi a Mervis, ndikulumbira, sindinaganizepo zochoka pano ngakhale tsiku limodzi! Ndipite kukatani? Munda wanga uli kuno, mwana wanga ali kuno, mango awa ndinabzala ndekha!"

"Ndiye ganizo limeneli linali la ndani?"

"Lanu!"

"Ndekha?"

"Nokhanokha!"

"M'mutu uti?"

A Davison anakanda m'mutu mwawo, umene tsopano sanali kudziwa kuti ndi wa ndani.

"Nthawi zina netiweki imaduka," anatero.

"Imaduka pa thumba, koma pa kalongonda inali yodzaza?"

"Zimatengera nyengo."

"Loweruka kunali mitambo."

"Ndiye... mitambo imathandiza."

"Lero kulinso mitambo."

Onse awiri anayang'ana kumwamba. Kunalidi mitambo, ndipo a Davison anaiyang'ana ngati yawapereka.

M'lichero munatsala nandolo wokwana dzanja limodzi. A Davison anaona, nayandikira, nakhala pansi pakhonde.

"Bwanji ndikuthandizeni kusenda?"

"Mukufuna athe msanga?"

Anabweza dzanja ngati agwira khala la moto.

"Tiyeni tichite chonchi," anatero. "Gonani pomwepa, mphindi zisanu zokha. Inenso ndigona apa. Tikakumane komweko, mukamve nokha."

"Tikakumana pati?"

"Pamutu paja."

"Kutsogolo kapena kunkhongo?"

"Pakhutu lamanja."

"Lamanja lake kapena lamanja langa?"

"Lililonse!"

"Tikasemphana. Ndipo nandolo uyu andisendera ndani? Kapena kumeneko ndikangoganiza, asendeka?"

"Mayi, bwanji simungandikhulupirire kamodzi kokha?"

"Ndikukukhulupirirani. Inu simunama, mumangokanika. Ngati mwati mzinda ulipo, ulipo. Kumeneko muli ndi nyumba yosanja, muli ndi mkazi wokukhululukirani, apongozi ogwirizana nanu. Mwapeza bwino. Ku Kaduya kuli mphasa, mukangofika mugone, mukafika kwanu. Ine wa kunoyu ndi amene sindinamve kanthu."

Anatola khoko lina, nalitsegula ndi chala, koma sanalikhuthule.

"Ndikufunseni chimodzi chomaliza, poti inu mwaphunzira. Mwati chimene chili mwa ine chimafika kwa inu."

"Eya."

"Lamulungu m'tchalitchi, ine ndi amene ndimayambitsa nyimbo. Ndinaimirira, ndinayambitsa. Amayi aja palibe anandiyankha. Mmodzi yemwe. Ndinaimba mzere woyamba ndekha, wachiwiri ndekha, tchalitchi chonse chili zii, kumbuyo ana akuseka, wina akulira ngati nkhuku. Zaka khumi ndi ziwiri ndili m'kwaya imeneyo. Ndinakhala pansi nyimbo isanathe, ndinatseka maso kuti misozi isaoneke. Ndi pamene inu mukuti ndinasinza." Anawayang'ana m'maso. "Manyazi amenewo anafika kwa inu? Munawamva?"

A Davison anali atakhala kumbali ya abambo tsiku limenelo, mutu uli kumzinda wawo, akuwerengera misewu. Anafuna kunena za mitambo, anafuna kunena za netiweki, koma anaona kuti apa sizithandiza. Zinawapweteka kwambiri, ndipo anachita manyazi amene sanawachitepo.

"Ayi," anatero. "Sanafike."

"Ndimayesa mwina anafika."

Khoko lomaliza linali m'manja mwa a Enelesi. A Davison anavula chipewa. Anatsokomola. Anayang'ana kumsewu ngati kukubwera munthu, nayang'ana kuseri kwa nkhokwe.

"Pe..."

"Pensulo tinakana kale."

"Pepani."

"Wanena ndani? Thanki?"

"Ine."

"Ine ndani? Kumeneko ine ndi aliyense."

"Ine Davison, wa ku Kaduya, mwamuna wanu. Ndinaphula ndekha, ndi mutu wangawu. Ndinakuchititsani manyazi. Pepani, mayi a Mervis. Ndipo kwa amayi aja ndipita ndekha, khomo ndi khomo."

A Enelesi anakhuthula khoko lija, naika lichero pansi, nasasa chitenje. Anapita panjinga n'kuyamba kumasula mphira. Mfundo yoyamba inamasuka, yachiwiri anachita kuithandiza ndi mano.

"Tsegulani pakamwa," anatero. Anasuzumiramo. "Onse alipo. Phala lili m'mbale yobiriwira, sindinapatse galu."

"Ndiye mwandikhululukira?"

"Kalekale. Ndinakukhululukirani Lolemba."

"Lolemba? Nanga thumbali?"

"Mtima unakhululuka, koma makutu nawo amafuna chawo."

A Davison anali atafika kale pakhomo, akulondola phala. Anaima. Anatembenuka pang'onopang'ono, ndipo chala chija chinayamba kukwera m'mwamba chokha.

"Lolemba nthawi yanji?"

"Masana, ndikuchapa malaya anu abuluu."

"Masana! Ine ndinali nditagona pansi pa mango! Mayi, ndinazimva! Ndinazimva ndithu, kunabwera kamphepo kozizira kuchokera kukhutu lamanja! Mwaona? Mwaona? Mzinda ulipo! Thanki ikugwira ntchito! Ndimadziwa ine kuti nkhani inatha kale!" Anavala chipewa, navina pang'ono pakhonde. "Ndiye kuti mawu ndanena apawa anali ongobwereza. Musawawerengere. Ndipo kwa amayi aja palibe chifukwa chovutikira ndi miyendo, ndikangogona masana ano onse asanu ndi awiri ndikawapeza pamodzi. Ine zonse za m'mutu mwanu ndimaziona, mayi a Mervis, zonse!"

A Enelesi anabwerera panjinga. Anakokanso mphira uja, naukulunga pathumba, namanga mfundo yoyamba, yachiwiri, n'kuwonjezera yachitatu. Kenako anakankha njinga mpaka pamene anaima amuna awo, nawagwiritsa mahandulo.

"Zakhala bwino," anatero. "Ndiye sindivutika kukuuzani chimene ndaganiza panopa."